Kukafuna mwini mawu a pa kaseti ya malume

Lolemba usiku, m'basi

Ndikulemba pa foni basi ikugwedeza, ndiye pomwe chilembo chathawa mundikhululukire. Tanyamuka mu Lilongwe dzuwa litalowa, Mponela tamusiya m'mbuyo, pano tikuyandikira Kasungu. Achemwali agona kale, kachikwama ka ndalama atakamangirira m'chiuno mkati mwa chitenje. Kwa iwo iyi ndi njira ya kudimba: chaka sichitha asanapite kanayi ku Dar es Salaam kukaoda zitenje ndi nsapato. Ine ndi koyamba kudinditsa pasipoti, ndipo ndikatchula chondiyendetsa anthu amayamba andiyang'ana kaye kumaso. Ndikupita ku Zanzibar kukaona kwawo kwa Freddie Mercury, woyimba wa gulu la Queen, munthu woti anamwalira ine ndili Sitandade 5.

Mlandu wonse ndi wa malume. Ankayendetsa thiraki pakati pa Blantyre ndi Harare, ndipo Khirisimasi ina anabwera kumudzi ndi wailesi ya masipika awiri ndi kaseti imodzi, pachikuto pali amuna anayi ovala zakuda. Mabatire akafooka tinkawayanika padzuwa, tepi tinkabweza ndi bolopeni kuti tisawononge moto. Chingerezi sindinkachimva. Chimene ndinkamva n'chakuti munthu mmodzi akuyimba ngati mpingo wonse, kenaka n'kutsika n'kumanong'ona ngati mayi wotonthoza mwana. Lero ndimayimbitsa kwaya kumpingo kwathu, zaka zapitirira 15, ndipo kunena zoona khutu logawa mawu ndinalitola pa kaseti imeneyo, osati m'buku la nyimbo. Abusa asamve.

Tili pa depoti achemwali anabwerezanso funso lawo lija: “Koma achimwene, ndalama zonsezi kukaona nyumba ya mzungu wakufa?” Ndinawauza kuti sanali mzungu. Anali mmwenye wobadwira mu Africa momwe muno, pa 5 Sepitembala 1946, dzina lake lenileni Farrokh Bulsara. Anangoti, “Aaa, inunso,” n'kupitiriza kupinda majumbo awo. Ngakhale malume, ndikhulupirira, analowa m'manda akuganiza kuti ankamvera Mngelezi wa ku London.

Lachiwiri, tawoloka Songwe

Chiweta ndatsika ndili m'tulo. Ndadzuka kukucha tili ku Karonga, minda ya mpunga uku ndi uku. Pa Songwe tachedwa pamzere, ndipo anyamata osintha ndalama anatizinga ngati ntchentche pa bango la nzimbe. Achemwali ali ndi wawo womudziwa, ine anandiletsa kutsegula pakamwa. Kungowoloka mlatho, wotchi yalumpha ola limodzi. Chinanso chosokoneza mutu: Aswahili amayamba kuwerenga maola dzuwa likatuluka, moti 7 koloko ya m'mawa iwo amati ola loyamba. Kondakitala atatchula nthawi yofikira ndinasangalala pachabe.

Ku Tukuyu n'kobiriwira ngati ku Thyolo, tiyi ndi nthochi mpaka m'mphepete mwa msewu. Kuchoka pa Uyole ndiye msewu wosatha, mathiraki a mafuta atandandalikana ngati linthumbu. Nkhomaliro inali tchipisi chokazingira pamodzi ndi mazira, chimene kuno amati chipsi mayai.

Amene ndakhala nawo mpando umodzi ndi bambo a ku Mangochi, Msilamu wovala kofia, amakagula zida za njinga zamoto. Ataona kuti ndikugwedeza mutu ndekha anafunsa chomwe ndikumvera, ndiye ndinawapatsa khutu limodzi la mahedifoni. Inali Bohemian Rhapsody. Poyamba anangoti phee. Itafika pakati, pamene mawu amayankhizana ngati anthu okangana pabwalo la milandu, anamva liwu loti Bismillah ndipo anadzidzimuka. “Kodi ameneyu ndi Msilamu?” Ndinati ayi. Makolo ake, a Bomi ndi mayi Jer Bulsara, anali a mtundu wa Parsi, otsatira chipembedzo chakale cha Zoroaster, amene makolo awo anachoka ku Persia zaka mazanamazana zapitazo n'kukakhazikika ku Gujarat m'dziko la India. Koma mwanayo anakulira pakati pa mizikiti. Tanthauzo la nyimboyo mwini wake anakana kulimasulira mpaka imfa, ndiye aliyense amangotolapo chake. Bambowo anapempha kuti ndiyibwereze.

Ine monga wa kwaya, chimene chimandiimitsa mutu ndi kamangidwe kake. Inatuluka pa 31 Okutobala 1975, ndi yotalika pafupifupi mphindi zisanu ndi imodzi, ndipo ilibe kolasi yobwerezabwereza. Imayamba ndi mawu okhaokha, kubwera piyano, kubwera gitala, kenaka chipwirikiti chija, kenaka phokoso la rock, n'kutha mwakachetechete. Chikhamu chonse chimene chimamveka pakatipo ndi anthu atatu basi: Freddie, Brian May woyimba gitala ndi Roger Taylor woyimba ng'oma, amene ankakwera mawu apamwamba zedi. Ankajambula mzere, n'kujambulanso wina pamwamba pake, kambirimbiri, mpaka tepi inayamba kuperepeseka. Ine ndili ndi anthu 40 ndipo kuti alito asathawire kwa sopulano ndimatuluka thukuta. Akuluakulu a malonda ankati wailesi singaulutse nyimbo yotalika choncho. Muulutsi wina, Kenny Everett, anayiwomba maulendo 14 pa Loweruka ndi Lamulungu lokha, ndipo inakhala pa nambala 1 ku Britain masabata asanu ndi anayi.

Mdima watipeza tisanatsike mapiri a Kitonga. Nyama za ku Mikumi zimene achemwali anandilonjeza tizidutsa usiku.

Lachitatu, Kariakoo

Tafika kutacha, miyendo itatupa. Kutentha kwa kuno n'konyowa, kumamata pakhungu. Kwa ku Nsanje n'kwabwino. Kuchoka pa siteshoni ya mabasi ya Magufuli ku Mbezi kukafika m'tauni ndi ulendo winanso.

Tsiku lonse ndakhala wonyamula katundu wa achemwali. Kariakoo ndi msika wa Lilongwe utauchulukitsa kakhumi n'kuuimika m'mwamba, masitolo pamwamba pa masitolo. Ukatchera khutu umva Chichewa apa, Chitumbuka apo, Chibemba patsogolo. Achemwali amanenerera mtengo m'Chiswahili chothyokathyoka koma wogulitsa ndiye amayamba kutopa.

Tikupuma pa mulu wa kaunjika ndinawauza chinthu chimene chinawatembenuza khosi koyamba pa ulendo uno. Freddie nayenso anagulitsapo kaunjika. Banja lake litafika ku England mu 1964 linakakhala m'kanyumba wamba ku Feltham, kufupi ndi bwalo la ndege la Heathrow, ndipo iye anagwirako ganyu yonyamula zikwama pabwalopo. Anaphunzira zojambulajambula ku Ealing Art College n'kumaliza mu 1969, kenaka iye ndi Roger Taylor anatsegula benchi ya zovala zakale pa msika wa Kensington. Nthawi imeneyo Taylor ndi May anali ndi gulu lawo lotchedwa Smile, ndipo Freddie ankangowatsatira n'kumawauza mmene angayimbire bwino, ngati wa mpira woonerera kunja kwa bwalo. Woyimba wawo atachoka mu 1970 iye analowa, n'kusintha dzina la gulu kukhala Queen, lakenso n'kukhala Mercury. John Deacon wa gitala ya besi anabwera mu 1971, chimbale choyamba chinatuluka mu 1973, ndipo anayiwo sanasinthanenso mpaka maliro. Chizindikiro cha gululo, cha mikango iwiri ndi nkhanu chija, anajambula yekha.

“Ndiye anali wa geni mnzathu,” anatero achemwali. “Phindu ankalipeza?” Apo ndinangoseka. Iwo atsala kuno kudikira katundu wina. Mawa ndiwoloka ndekha.

Lachinayi, Stone Town

Boti lanyamuka m'mawa, maola awiri pamadzi. Ndinakwerapo Ilala kupita ku Likoma ndiye ndimadziyesa katswiri, koma nyanja yamchere ili ndi kagwedezedwe kake. Kajumbo kamene anatigawira ndinakagwiritsa ntchito, ndisaname. Padoko amaonanso pasipoti ngati walowa dziko lina, chonsecho ndi Tanzania yemweyo. Eni ake chilumbachi amachitcha Unguja, mzinda wakalewu amati Mji Mkongwe.

Tinjira take n'topanikizika, ena moti utatambasula manja ukhoza kukhudza makoma onse awiri. Galimoto silowa, koma njinga zimangotulukira pakona, iwe n'kudziphatika kukhoma. Nyumba ndi za miyala ya m'nyanja, zitseko zikuluzikulu zosema bwino, zokhomedwa timitu tamkuwa. Ndasochera katatu. Kachitatu ndinafunsa mtsikana wa sukulu kuti kwa Freddie Mercury n'kuti, ndipo anapukusa mutu. Amene anandilozera msanga ndi mnyamata wogulitsa malaya kwa alendo, nkhope ya mwini wakeyo ili pa malaya omwe anali nawo m'manja.

Nyumbayo ili ku Shangani mumsewu wa Kenyatta, ndipo mu Novembala 2019 anatsegulamo malo osungira mbiri yake. Banja la a Bulsara linakhalapo m'nyumba zingapo mumzinda uno; iyi ndi imodzi. Malowo ndi aang'ono, zambiri ndi zithunzi ndi zolemba. Azungu amene ndinalowa nawo anathamangira ku zithunzi za pa nsanja, za ndevu zapamlomo ndi jekete yachikasu. Ine ndinakanirira pa zaubwana: kamnyamata kowonda, tsitsi lopesedwa ndi mafuta, mano otuluka kunja. Anabadwa ndi mano anayi owonjezera amene anakankhira akutsogolo panja. Atalemera akanatha kuwakonzetsa tsiku limodzi, koma anakana poopa kuti mawu angasinthe. Ndili ndi mnyamata wa tenala amene amayimba atatseka pakamwa ndi dzanja chifukwa cha mano, chithunzicho ndamujambulira.

Bambo ake anali kalaliki wolandira ndalama ku khoti lalikulu la boma la atsamunda. Sanali olemera ngati eni minda ya zonunkhiritsa, komanso sanali osauka: anali anthu apakati aja amene Angelezi ankawaika pakati pa iwo ndi ife. Mlongo wake Kashmira anabadwa mu 1952. Ndiye apa pali chimene chandikhumudwitsa pang'ono, ngakhale ndinkachidziwa kale. Mnyamatayo ali ndi zaka zisanu ndi zitatu zokha anamukweza sitima kupita ku India, ku sukulu yogonera komweko ya St. Peter's ku Panchgani, kumapiri a kufupi ndi Bombay. Ife mwana akamapita ku Fomu 1 ali ndi zaka 14, sukulu yake ya boma lomwelo, amayi ake amalira pa depoti. Uyu zaka zisanu ndi zitatu, nyanja yonse ya India pakati. Kumeneko n'kumene anzake anayamba kumutcha Freddie, n'kumene piyano inamulowa m'magazi, n'kumene ali ndi zaka 12 anayambitsa ndi anzake kagulu kotchedwa The Hectics, koyimba nyimbo za Little Richard ndi Cliff Richard. M'kaguluko iye anali wa piyano, wotsogolera nyimbo anali wina. Anabwerera kuno mu 1963, n'kungokhala chaka chimodzi.

Mukawerengetsa, mawu amene ndawalondola ulendo wa masiku atatu sanaumbidwire pano. Pano pali mchombo wake basi. Ndatuluka n'kukakhala pakhoma la m'mphepete mwa nyanja pa Forodhani, kuonerera anyamata akuthamanga n'kudziponya m'madzi mopidiguka, anzawo akukuwa. Madzulo pamalopa pamasanduka msika wa zakudya. Ndadya urojo, msuzi wowawasa wa mbatata ndi tizidutswa tokazinga, n'kumwera madzi a nzimbe othira mandimu. Nsima ndayamba kuisowa.

Lachisanu

Lero Freddie ndinamuika kaye pambali, koma anandipezabe.

M'mawa ndinapita ku Mkunazini, ku tchalitchi chachikulu cha Anglican chimene chinamangidwa pamalo pomwe panali msika wa akapolo. Msikawo unatsekedwa mu 1873, ndipo chaka chomwecho ntchito yomanga inayamba, woyang'anira ali Bishopu Edward Steere, amene manda ake ali kuseri kwa guwa. Muli kamtanda kosemedwa kuchokera ku mtengo wa kwa Chitambo ku Zambia, umene pansi pake anakwirirapo mtima wa David Livingstone. Kunja kuli dzenje, m'menemo muli ziboliboli za anthu asanu omangidwa unyolo m'khosi. Wotiperekeza ankafotokozera alendo kuti akapolo ankachokera kutali, kudera la nyanja ya Nyasa. Ndinamuuza kuti kutaliko ndiye kwathu. Nkhotakota, kwa Jumbe, kumene ankawaunjika n'kuwawolotsa nyanja pa zombo, kenaka wapansi mpaka ku Kilwa. Amishoni a Anglican a UMCA omwe anamanga tchalitchichi ndi omwe aja anayamba ku Magomero mu 1861, zitawavuta n'kusamukira kuno, kenaka n'kubwerera kudzera ku Likoma. Ndinabwera kudzafuna mbiri ya mwana wa eni, ndapeza ya agogo anga. M'tizipinda tapansi tamdima timene amaonetsa alendo sindinakhalitsemo.

Masana masitolo ambiri anatseka, amuna atavala mikanjo yoyera kupita ku mapemphero. Atatuluka ndinakakhala pa Jaws Corner, pamene madoda amamwa khofi wakuda m'tizikapu tating'ono n'kumakambirana ndale. Mkulu wina wodziwa Chingerezi anandifunsa chimene ndadzera. Nditamuuza anaseka. Anati ameneyo ndi wa alendo. Ngati ndikufuna woyimba wa Zanzibar ndifunse za Siti binti Saad, mayi wa kumudzi amene mu 1928 anapita ku Bombay kukajambula nyimbo za taarab m'Chiswahili, kapena Bi Kidude amene anayimba mpaka ukalamba wa tsitsi la mbuu n'kumwalira mu 2013. Amenewo, anatero, anayimbira ife. Uyu anatiyimbirapo chiyani?

Yankho ndinalibe. Chiyambire kuchoka, Freddie sanapondenso pachilumba pano, ndipo za kuno sankakonda kuzikamba. Koma kachokedwe kake nakonso kanali ndi magazi. Zanzibar inalandira ufulu pa 10 Disembala 1963 ufumu uli m'manja mwa Sultan Jamshid. Patangotha mwezi, pa 12 Januwale 1964, anthu akuda anaukira n'kumugwetsa, Abeid Karume n'kukhala mtsogoleri. Aluya ndi Amwenye ambirimbiri anaphedwa m'masiku amenewo, ena anathawa ndi chikwama chimodzi. A Bulsara anali m'gulu la othawa, mnyamatayo ali ndi zaka 17. Kwa mkulu wa khofi uja tsiku limenelo ndi la ufulu, ndipo mpaka lero ndi tchuthi. Kwa banja lija ndi tsiku lotaya mudzi. Nditangotuluka kumene m'tchalitchi cha pamsika wa akapolo, sindikanatha kuuza mkuluyo kuti mkwiyo wa 1964 unalibe gwero. Ndinakumbukiranso masitolo akale a Amwenye amene timawaona atagwa makonde m'matauni ang'onoang'ono a kwathu, eni ake atalamulidwa m'zaka za m'ma 1970 kuti asamukire m'mizinda ikuluikulu.

Pali chinanso chimene chimawalekanitsa. Freddie anakhala zaka zingapo ndi mkazi, Mary Austin, kenaka anamuululira kuti mtima wake uli kwa amuna, ndipo zaka zake zomaliza anakhala ndi mwamuna wa ku Ireland, Jim Hutton. Kuno zimenezo ndi mlandu, ngati kwathu. Mu 2006 anthu ena atakonza phwando lokumbukira kuti akanakwanitsa zaka 60, gulu la Chisilamu la Uamsho linakana ndipo phwandolo linalephereka. Ine ndine mkulu wa kwaya, ndikudziwa zimene a kumpingo kwathu anganene atawerenga izi. Ndingoti munthuyo ndikumulemba mmene analili.

Ndipo mlandu umene ine ndimamusungira ndi wina. Mu Okutobala 1984, Nelson Mandela ali m'ndende, dziko lonse litagwirizana kuti oyimba asapite ku South Africa, Queen inakayimba ku Sun City, malo achisangalalo a m'dzikomo. Bungwe la oyimba la ku Britain linawalipiritsa chindapusa, United Nations inawalemba pa mndandanda wa ophwanya chiletso. Mwana wobadwira mu Africa, kubwerera kwake n'kukhala kumeneko! Malume, amene ankadana ndi tsankho la Mabunu ngati njoka, izi sanazidziwe, ndipo mwina zinakhala bwino.

Loweruka

Kunagwa mvula m'mawa ndiye ndinakhala m'chipinda, n'kuonera pa foni, mwina kachikwi, mphindi 20 zija zimene Queen inayimba pa konsati ya Live Aid. Pa 13 Julayi 1985, bwalo la Wembley, anthu 72,000, ndalama zake zothandizira njala ya ku Ethiopia. Patangotha miyezi isanu ndi inayi chichitikire za Sun City, Queen inkaonedwa ngati gulu lotha ntchito. Akutulukira munthu wovala vesiti yoyera ndi jinzi, atagwira maikolofoni ya kamtengo kodukira pakati, palibe magetsi amitundumitundu, dzuwa likadali kunja. Pakati pa nyimbo akuima, n'kuponya liwu lopanda tanthauzo, khamu lonse n'kuvomera. Akulitalikitsa, akuvomera. Akulipotokola, akuvomera. Azungu amalemba za zimenezi ngati chozizwitsa. Kwa ife ndi za tsiku ndi tsiku: wina atsogola, ena avomera, kaya ndi pamtondo, pamaliro kapena pa Bingu Stadium. Koma kuvomeretsa anthu 72,000 osawaphunzitsa Lachinayi madzulo, pamenepo ndimavula chipewa. Anamaliza ndi We Are the Champions, imene inatuluka mu 1977, ija mumaimva timu ikamakweza chikho. Ambiri amene amaikuwa kwathu sadziwa kuti mwini wake anabadwira kuseri kwa Dar es Salaam.

Chaka chotsatira, pa 9 Ogasiti 1986 ku Knebworth, anayimba komaliza pagulu ndi Queen. Mu 1987 anamupeza ndi kachilombo. Anauza anthu owerengeka okha. Atolankhani ankagona pageti la nyumba yake ya Garden Lodge ku Kensington kudikira chithunzi cha nkhope yowonda, iye n'kumakana. Ntchito sanasiye. Anajambula chimbale cha Barcelona ndi mayi wa opera wa ku Spain, Montserrat Caballé, kenaka zimbale zina ziwiri ndi Queen. M'miyezi yomaliza ankapita ku situdiyo ya ku Montreux m'dziko la Switzerland, kuyimba ola limodzi kapena awiri mphamvu zikapezeka, n'kuwauza anzake kuti azingomulembera mawu, iye ayimba, adzamalizitsa okha. Anamalizitsadi, chimbalecho chinatuluka mu 1995. Pa 23 Novembala 1991 anatulutsa chikalata chovomera kuti ali ndi Edzi, kuti anabisa pofuna kuteteza abale ndi abwenzi, ndipo anapempha anthu kuti alimbane ndi matendawa. Mawa lake madzulo anamwalira ndi chibayo, ali ndi zaka 45.

Ena amamudzudzula kuti anachedwa, kuti akanalankhula msanga ngati Philly Lutaaya, woyimba wa ku Uganda, amene mu 1989 anayenda m'masukulu ndi m'matchalitchi akudziulula asanamwalire. Kenneth Kaunda naye anali atanena kale poyera mu 1987 za mwana wake. Ine pakamwa pamandilemera kudzudzula. Malume anabwera kumudzi mu 1993 thiraki atasiya, kolala ya shati ikuzungulira khosi. Tinkati ndi chifuwa. Azakhali ankati awalodza anzawo a kuntchito chifukwa cha nsanje. Kunja anthu ankanong'ona za kaliwondewonde, za matenda a boma, koma m'nyumba mwathu dzina lenilenilo silinatchulidwepo, ngakhale pamaliro mu 1994, ngakhale pa a akazi awo patatha zaka ziwiri. Mankhwala amphamvu anapezeka kunja mu 1996. Kwathu ma ARV aulere anayamba mu 2004, chaka chomwe a Bakili Muluzi anauza mtundu kuti mchimwene wawo anafa ndi Edzi. Wa ku Kensington ndi chuma chake chonse anaperewera zaka zisanu. Wa kwathu anaperewera khumi. Freddie anachedwa, inde, koma tsiku limodzi limenelo ife sitinalikwanitse.

Mwambo wa maliro ake anatsogolera ansembe a Zoroaster, m'chinenero chakale cha makolo ake, kenaka mtembo unatenthedwa. Phulusa analipereka kwa Mary Austin, amene analiika pamalo pomwe analonjeza kuti sadzaulula, ndipo sanaululedi. Chiboliboli chake chili ku Montreux, moyang'ana nyanja ya kumeneko. Munthu wa mayiko anayi, wopanda chiliza. Malume chawo tinawamangira, cha simenti, pali dzina ndi zaka basi.

Mvula itakata ndinayenda mpaka ku Darajani kukagulira achemwali zonunkhiritsa za mu tiyi ndi mu mpunga. Madzulo ndinamvera taarab pamalo ena pafupi ndi doko: vayolini, ng'oma zazing'ono, ndi chida cha zingwe zambiri chogoneka pamiyendo chotchedwa qanun. Mayi woyimbayo sankasuntha n'komwe, koma liwu limakwera n'kumapindika ngati utsi. Mkulu wa khofi uja sananame.

Lamulungu, Dar es Salaam

Ndinapemphera nawo mapemphero a m'mawa ku Mkunazini. Mawu ndi a Chiswahili, koma nyimbo ina maimbidwe ake ndi omwe aja a m'buku lathu, ndiye ndinalowetsa besi m'Chichewa. Mayi amene anali pambali panga anandiyang'ana n'kumwetulira. Boti lamasana silinandivutitse.

Ndapeza achemwali m'chipinda cha loji atazingidwa ndi mabelo, akusoka masaka ndi chingwe. “Mwaiona nyumba ya mmwenye wanu?” Ndinati ndaiona, ndi yaing'ono. Ndinawapatsa zonunkhiritsa zawo, ananunkhiza n'kunena kuti andidula mtengo. Kenaka, ndikuwagwirira saka, ndinawafotokozera za chikalata chija, kuti munthuyo anavomera Loweruka n'kumwalira Lamulungu.

Anasiya kusoka. Iwo ndi amene ankadwazika malume, ali ndi zaka 19, ine ndili kusukulu. Anati kutatsala masiku atatu malume anawatuma kuti atseke chitseko, n'kuwauza dzina la matenda awo, ndi kuti a kuchipatala ku Harare anali atawauza kalekale. Anawapempha kuti asauze agogo. Agogo anamwalira, amayi anamwalira, iwo osauza munthu, mpaka lero m'chipinda chino cha fungo la nsapato zatsopano.

Ndinafunsa za kaseti ija. Anati inadyedwa ndi wailesi chaka chomwecho, malume akadali moyo, ndipo iwo anayesa kuilumikiza ndi utoto wa m'zikhadabo koma inakana.

“Gwirani bwino uku, achimwene,” anatero, “basi ndi ya 5 koloko m'mawa. Ya kwathu, osati ya Aswahili.”